Chidindo cha "za akuluakulu okha": mmene zolaula za pa intaneti zimaikidwira zizindikiro

Pa masamba ambiri a zolaula pali mzere umodzi umene wowonera sauona. Umakhala m'kati mwa code ya tsambalo, m'chigawo chakumtunda chotchedwa head, ndipo umalembedwa chonchi: meta name="rating" content="RTA-5042-1996-1400-1577-RTA". Mzerewu sutseka khomo, subisa chithunzi, sufunsa munthu zaka zake. Umangonena kuti za muno n'za akuluakulu. Pakapanda pulogalamu youwerenga n'kuchitapo kanthu, uli ngati chikwangwani chokhomedwa mumdima.

Nkhani yonse ya zizindikiro yagona pamenepa. Chizindikiro chimakhala ndi mphamvu ngati pali wochiwerenga, komanso ngati pali chimene wabodza angataye akachiika molakwika. Ndipo sichili chimodzi. China chimanena ngati tsamba n'loyenera ana, china chimafotokoza zomwe zili mu vidiyo, china chimatsimikizira kuti ojambulidwawo ndi akuluakulu ndipo anavomera, pomwe china, chomwe chabwera posachedwa, chimamatidwa pa wowonera mwini wakeyo. Anthu akamakangana pa nkhaniyi, kawirikawiri wina amakhala akunena za ichi, mnzake za icho.

Mwini tsamba akadzilemba yekha

Mu 1996 dziko la America linakhazikitsa lamulo la Communications Decency Act, lomwe mbali yake ina inkaletsa kuika zinthu zosayenera pomwe ana angazione. Chaka chotsatira khoti lalikulu la dzikolo, pa mlandu wa Reno v. ACLU, linathetsa mbali imeneyo ponena kuti ikuphwanya ufulu wolankhula. M'zaka zomwezo bungwe la W3C, lomwe limakonza miyezo ya web, linatulutsa njira yotchedwa PICS. Ganizo lake linali loti eni masamba azifotokoza okha zomwe zili pa masamba awo m'chinenero chomwe makina amamva, ndipo kholo lililonse lizisankha pa browser yake zomwe zingadutse. Internet Explorer inali ndi gawo lotchedwa Content Advisor lomwe linkawerenga zizindikirozi. Kenako panabwera bungwe la ICRA, lomwe linayamba mu 1999. Ilo linkapatsa mwini tsamba mafunso okhudza umaliseche, kugonana, chiwawa ndi mawu otukwana, ndipo akayankha linkamupatsa code yoti aike pa tsamba lake.

Zizindikiro za ICRA zinasiya kugwira ntchito mu 2010, ndipo chomwe chinazipha n'chofunika kuchimvetsa. Masamba ambiri, a nkhani, a masukulu, a malonda wamba, sanadzivutitse kudzilemba, poti sankapindulapo kanthu. Kholo linatsala ndi njira ziwiri, zonse zoipa. Likalamula kuti tsamba lopanda chizindikiro litsekedwe, pafupifupi intaneti yonse inkatsekeka. Likalola masamba opanda chizindikiro, tsamba lililonse la zolaula lomwe silinadzilembe linkadutsa mosavuta.

Chidindo cha RTA (Restricted To Adults, kutanthauza za akuluakulu okha), chomwe ndi mzere uja taona poyamba, chinatuluka mu 2006 kuchokera ku bungwe la ASACP, lomwe limathandizidwa ndi makampani a zolaula omwewo. Chinapewa msampha wa ICRA pochepetsa zonse: palibe mafunso, palibe kulipira, palibe kulembetsa, ndipo code yake ndi imodzimodzi kwa aliyense. Masamba wamba safunika kuchita kalikonse. Chofooka chake n'choonekeratu. Amene amachiika ndi amene ali kale ndi mtima wotsata malamulo, pomwe tsamba lokhalira mavidiyo akuba silingadzikhome chikwangwani choti lisefedwe.

Ngakhale kwa ofuna kuchiika bwino, zolakwika zake n'zodziwika. Chachikulu ndi kuchiika pa tsamba loyamba lokha. Alendo ambiri salowera pakhomo lalikulu, amachokera ku Google kapena ku link n'kufikira pa tsamba la m'kati, choncho chidindocho chiyenera kukhala pa tsamba lililonse lokhala ndi zolaula. Chinanso n'chakuti fayilo ya chithunzi kapena ya vidiyo ilibe head yoti muikemo meta tag, mzere wa chidindo uja. Kuti mafayilo amenewa alembedwe, seva iyenera kutumiza chidindocho mu HTTP header, omwe ndi mawu otsagana ndi fayilo iliyonse ikamatumizidwa. Google imawerenga RTA, imawerenganso mawu oti adult m'malo omwewo, ndipo pa sitemap ya mavidiyo, mndandanda womwe mwini tsamba amapatsa makina ofufuzira, pali mzere wa family_friendly womwe umalembedwa no. Imalangizanso kuti zolaula zikhale mu foda kapena subdomain (chigawo cha webusaiti chokhala ndi adiresi yakeyake) yawoyawo. Zikasakanikirana ndi zina, makina amatha kuganiza kuti webusaiti yonse ndi yolaula n'kuibisa yonse kwa anthu omwe anayatsa SafeSearch, sefa ya Google yobisa zolaula pa zotsatira. Cholakwa cha mbali inayo chiliponso: wina amaika chidindo mu template, chikombole chomwe masamba onse a webusaiti amatengera, kenako n'kudabwa kuti masamba ake a zaumoyo asowa pa zotsatira. Akachichotsa, pamadutsa masabata kapena miyezi makina asanawerengenso masamba onse.

Panalinso kuyesa kuika chizindikiro pa dzina lenilenilo la tsamba. ICANN, bungwe loyang'anira mayina a pa intaneti, inavomereza mayina othera ndi .xxx mu 2011, koma kulowamo kunali kosakakamiza. Makampani ambiri a zolaula anaikana poopa kuti maboma adzawakankhira onse m'khola limodzi n'kulitseka, ndipo masamba akuluakulu anakhalabe pa .com. Ambiri mwa omwe analipira anali mayunivesite ndi makampani wamba ofuna kuti mayina awo asatengedwe ndi ena.

Sefa imaona chiyani

Sefa, njira yotsekereza masamba osafunika, imatha kukhala pa foni kapena kompyuta, pa netiweki, kapena pa makina ofufuzira, ndipo iliyonse imaona zosiyana. Ya pa chipangizo imatha kuona tsamba litatseguka, n'chifukwa chake imatha kuwerenga meta tag. Ya pa netiweki masiku ano ili ngati wakhungu, chifukwa pafupifupi masamba onse amagwiritsa ntchito HTTPS, yomwe imabisa zam'kati mwa tsamba ndi adiresi yake yonse. Chomwe chimatsala poyera ndi dzina lalikulu la webusaiti basi, lomwe limatchedwa domain.

Sefa za DNS, njira yomwe imasandutsa dzina la tsamba kukhala adiresi ya manambala, zimagwira pa dzina lomwelo. Mukaika 1.1.1.3 ya Cloudflare kapena 208.67.222.123 ya OpenDNS pa rauta (kabokosi kogawa intaneti m'nyumba), chipangizo chikafunsa adiresi ya tsamba lomwe lili pa mndandanda wa zolaula sichipatsidwa adiresi yeniyeni. Woyang'anira netiweki angathenso kulozetsa www.google.com ku forcesafesearch.google.com, ndipo SafeSearch siingazimitsidwe pa netiweki imeneyo. Njirazi n'zosavuta, koma zimadula ndi nkhwangwa. Domain yonse imadutsa kapena yonse imatsekedwa. Mindandanda nayonso imalakwa: Cloudflare itangoyambitsa 1.1.1.3 mu April 2020, inatseka molakwika masamba ophunzitsa za kugonana ndi a magulu a LGBTQ, ndipo inapepesa n'kukonza.

Vuto lenileni lili pa masamba osakanikirana monga Reddit ndi X, pomwe nkhani za mpira, ndale ndi zolaula zili pa domain imodzi. Kumeneko chizindikiro chimaikidwa pa positi kapena pa akaunti. Reddit ili ndi chizindikiro cha NSFW (zosayenera kuonera pa ntchito), ndipo X mu 2024 inalemba poyera lamulo lolola zolaula zopangidwa movomerezana, bola zikhale zolembedwa moyenera. Chizindikiro chotere chimamveka m'kati mwa tsambalo mokha. Sefa ya pa rauta siichiona n'komwe, ndipo chimadalira kuti woika positiyo anene zoona.

Makina akamaweruza

Poti anthu sanena zoona nthawi zonse, masamba amaika makina oti aziweruza okha. Oyambirira ankangosaka mawu, ndipo manyazi awo amakumbukikabe. Mu 1995 AOL, kampani ya ku America yopereka intaneti, inaletsa mawu achingelezi otanthauza bere, ndipo omwe anavutika anali amayi okambirana za khansa ya m'mawere. Mu 1996 anthu a m'tauni ya Scunthorpe ku England anakanizidwa kulembetsa ku AOL chifukwa m'kati mwa dzina la tauni yawo muli zilembo zopanga mawu otukwana. Mpaka lero vuto lotere limatchedwa ndi dzina la tauniyo.

Makina a masiku ano amayang'ana chithunzi chenichenicho, koma sayankha kuti inde kapena ayi. Amapereka nambala. Pulogalamu ya open_nsfw yomwe Yahoo inatulutsa mu 2016 imapereka nambala ya pakati pa 0 ndi 1: yochepera 0.2 ndiye kuti chithunzicho mwachionekere n'chabwinobwino, yoposa 0.8 ndiye kuti mwachionekere n'cholaula. Cloud Vision ya Google imayeza magawo asanu, adult, racy, medical, violence ndi spoof, ndipo gawo lililonse limapatsidwa mlingo kuyambira VERY_UNLIKELY mpaka VERY_LIKELY. Gawo la medical limayeza ngati chithunzicho n'cha zachipatala, monga cha m'buku la madokotala. Pa vidiyo, makina satenga chithunzi chilichonse, amatola chimodzi pakapita masekondi angapo, choncho kachigawo kafupi kobisidwa pakati kangathe kudumphidwa.

Pomwe mpeni udule amasankha ndi munthu, osati makina. Tiyerekeze kuti tsamba limalandira zithunzi 1,000,000 patsiku ndipo makina ake amalakwa pa chimodzi mwa 100 zilizonse. Zimenezo ndi zigamulo zolakwika 10,000 tsiku lililonse. Mukatsitsa malire kuti cholaula chisapulumuke, mumagwira zithunzi za mayi woyamwitsa, ziboliboli ndi milu ya mchenga ya m'chipululu. Mukawakweza, zolaula zambiri zimadutsa. Tumblr, tsamba la mchezo, inalawa zimenezi italetsa zolaula pa 17 December 2018, patangopita mwezi app yake itachotsedwa mu App Store ya Apple: makina ake anaika chizindikiro pa zojambula ndi zithunzi zambirimbiri zosalakwa. Mu 2022 inasintha njira n'kuyamba kulola eni mapositi kuika okha zizindikiro. Masamba osamala amagawa zithunzi patatu: za nambala yotsika zimadutsa, za nambala yokwera zimabisidwa, ndipo za pakati zimapita kwa anthu oti azione ndi maso. Ntchito ya anthu amenewa ndi yolemetsa maganizo, ndipo ndi pomwe makampani amakonda kuchepetsa ndalama.

M'kati mwa masamba a zolaula muli zizindikiro za mtundu winanso, ma tag ndi magulu a mavidiyo. Izi sizinapangidwire kuteteza aliyense, zinapangidwira kugulitsa. Woika vidiyo amapindula akaunjika ma tag ambiri otchuka, ngakhale osagwirizana ndi vidiyoyo, kotero munthu asamawakhulupirire ngati umboni wa zaka kapena chilolezo cha ojambulidwa. Masamba akuluakulu amasunga mndandanda wa mawu oletsedwa pa ma tag ndi pofufuza, koma ofuna kuzemba amasintha kalembedwe, ndipo mndandandawo umafunika kuwonjezeredwa nthawi ndi nthawi.

Chizindikiro chokhala ndi mano

Pansi pa masamba ambiri a zolaula pali link yolembedwa 2257. Imeneyi ndi nambala ya gawo la malamulo a America, 18 U.S.C. 2257, lomwe linabwera mu 1988, zitadziwika mu 1986 kuti mtsikana wina wotchuka m'mafilimu otere anayamba kujambulidwa asanakwane zaka 18 pogwiritsa ntchito chiphaso chabodza. Lamuloli limafuna kuti wopanga filimu aone chiphaso chokhala ndi chithunzi cha aliyense wojambulidwa, asunge kope lake, alembe dzina lenileni, tsiku lobadwa ndi mayina onse omwe munthuyo amagwiritsa ntchito, ndipo filimuyo ikhale ndi mawu onena komwe kaundulayo akusungidwa. Apa chizindikiro chikuloza ku mapepala enieni, ndipo wophwanya angathe kumangidwa.

Lamuloli linalembedwa nthawi ya masitudiyo. Masamba olola aliyense kuika vidiyo, omwe anafala kuyambira cha m'ma 2006, ankati iwo sapanga kanthu, amangosunga zomwe ena aika, choncho kaundula si udindo wawo. Kwa zaka zoposa 10 mavidiyo ankalowa popanda wofunsa kuti ojambulidwawo ndani.

Chomwe chinasintha zinthu si nyumba ya malamulo koma makadi a banki. Pa 4 December 2020 nyuzipepala ya New York Times inatulutsa nkhani ya Nicholas Kristof yonena kuti pa Pornhub, limodzi mwa masamba akuluakulu a zolaula, panali mavidiyo a ana ndi a anthu omwe sanavomere. Pasanathe sabata ziwiri Mastercard ndi Visa zinali zitasiya kulandira malipiro a tsambalo, ndipo tsambalo linachotsa mavidiyo onse oikidwa ndi anthu osatsimikizidwa, omwe anali mamiliyoni ambiri, oposa theka la onse omwe analipo. Mu April 2021 Mastercard inalengeza malamulo omwe anayamba kugwira ntchito pa 15 October chaka chomwecho: zaka ndi chiphaso cha woika vidiyo komanso aliyense wooneka m'menemo zitsimikizidwe, vidiyo ionedwe isanatuluke, madandaulo ayankhidwe pasanathe masiku 7 ogwira ntchito, ndipo wojambulidwa akhale ndi njira yopempha kuti vidiyo ichotsedwe.

Mabanki nawo ali ndi chizindikiro chawo. Wamalonda aliyense wolandira makadi amapatsidwa nambala ya gulu lake, ndipo a zolaula za pa intaneti amaikidwa pa 5967, gulu lomwe limaonedwa kuti n'lachiopsezo chachikulu. Chifukwa china n'chakuti ogula ambiri amakana kuti anagula, makamaka sitetimenti ikaonedwa ndi wa kunyumba, ndipo ndalama zimabwezedwa. Wokhala pa nambala imeneyi amadulidwa zambiri pa malipiro aliwonse, n'chifukwa chake ena amayesa kudzibisa pansi pa nambala ya malonda ena, zomwe zikadziwika akaunti imatsekedwa. Mphamvu ya mabanki inaonekeranso mu August 2021, pomwe OnlyFans, kampani ya ku London yomwe imatenga 20 peresenti ya zomwe ogulitsa zithunzi ndi mavidiyo awo pa tsamba lake amapeza, inalengeza kuti iletsa zolaula kuyambira pa 1 October ponena za mavuto ndi mabanki, kenako n'kubweza ganizolo patangopita masiku 6. Kaya n'koyenera kuti makampani awiri a makadi azikhala ngati opanga malamulo a dziko lonse lapansi, imeneyo ndi nkhani yokayikitsa, pakuti palibe anawasankha ndipo wolakwiridwa alibe khoti lokadandaulako. Koma zomwe ICRA inalephera m'zaka 10, iwo anazichita m'masiku ochepa.

Chidindo cha chala cha chithunzi

Zithunzi zozunza ana si nkhani ya "za akuluakulu" ayi, ndi umboni wa mlandu, ndipo njira yozigwirira ndi ina. Chithunzi chomwe chatsimikizidwa ndi mabungwe oteteza ana monga NCMEC ku America kapena IWF ku Britain chimasandutsidwa nambala yotchedwa hash, ndipo masamba amayerekeza chilichonse cholowa ndi mndandanda wa manambalawo. Hash wamba monga MD5 amasinthiratu kadontho kamodzi ka chithunzi kakasintha. PhotoDNA, yomwe Microsoft inapanga ndi Hany Farid mu 2009, inathetsa vutoli: imachotsa mitundu pa chithunzi, kuchichepetsa, kuchigawa m'timabokosi, n'kuyeza mmene kuwala kukusinthira m'kabokosi kalikonse. Chithunzi chikachepetsedwa kapena kusinthidwa pang'ono, nambala yake imakhalabe yoyandikana ndi yoyamba. Malire ake ndi akuti imangozindikira zomwe zinagwidwapo kale, chatsopano siichidziwa.

Njira yomweyi imathandiza munthu yemwe zithunzi zake zachinsinsi zikufalitsidwa popanda chilolezo. Pa StopNCII.org, yomwe inayamba mu 2021 ndipo ndi ya akuluakulu, hash imapangidwira pa foni ya mwiniwakeyo, ndipo chithunzicho sichichoka pa foniyo. Take It Down ya NCMEC imachita zomwezo kwa omwe anajambulidwa asanakwane zaka 18. Zonse ziwiri zimagwira pa masamba okhawo omwe analowa nawo m'dongosololi.

Tsopano chizindikiro chili pa wowonera

Batani loti "ndakwana zaka 18" silinaletsepo mwana aliyense, ndipo maboma atopa nalo. Chigawo cha Louisiana ku America chinayamba pa 1 January 2023 kufuna kuti masamba atsimikize zaka za alendo, zigawo zina zinatsatira, ndipo pa 27 June 2025 khoti lalikulu, pa mlandu wa Free Speech Coalition v. Paxton, linavomereza lamulo lotere la ku Texas ndi mavoti 6 kwa 3. Malamulo ambiri a zigawozi amakhudza tsamba lomwe zolaula zake zapitirira gawo limodzi mwa magawo atatu a zonse zomwe lili nazo. Mlingo umenewu ndi wovuta kuuyeza, kaya muwerenge masamba, mafayilo kapena maola a vidiyo, ndipo umasiya panja masamba a mchezo pomwe zolaula zilipo zambiri koma zamira m'nyanja ya zinthu zina.

Britain sinatenge mlingo umenewo. Pansi pa Online Safety Act ya 2023, kuyambira pa 25 July 2025 tsamba lililonse lolola zolaula liyenera kutsimikiza zaka mwa njira yodalirika, ndipo Ofcom, bungwe loyang'anira za mauthenga m'dzikolo, ingalipiritse chindapusa chofika mapaundi 18 miliyoni kapena 10 peresenti ya ndalama zomwe kampani imapeza padziko lonse. Njira zololedwa ndi monga kuyerekeza chiphaso ndi nkhope, kufunsa banki kapena kampani ya foni, khadi la ngongole, ndi kuyeza zaka poona nkhope. Njira yomalizayi imaphonya ndi zaka zingapo, choncho malire amaikidwa pamwamba, monga pa 23 kapena 25, ndipo wooneka wamng'ono kuposa pamenepo amapemphedwa chiphaso. Ku France bungwe la Arcom limafuna kuti pakhale njira imodzi yobisa mbali zonse ziwiri: wotsimikiza zaka asadziwe tsamba lomwe munthuyo akupitako, ndipo tsambalo lisadziwe dzina lake, lingolandira yankho loti wakwana.

Zotsatira zake n'zosakanikirana. Aylo, mwini wa Pornhub, inasankha kutseka masamba ake ku Utah, Texas ndi zigawo zina m'malo motsatira malamulowo, ponena kuti zaka zizitsimikizidwa pa chipangizo chenichenicho. Ku Britain mapulogalamu a VPN, omwe amabisa dziko lomwe munthu ali, anakwera pamwamba pa mndandanda wa otsitsidwa kwambiri m'masiku oyambirira a lamulolo. Ndipo malo aliwonse osunga ziphaso pamodzi ndi mbiri ya zomwe munthu amaonera ndi nkhokwe yomwe akuba amaisirira, n'chifukwa chake wotsimikiza wabwino amafufuta chithunzi ndi chiphaso akangopereka yankho.

Zithunzi zopangidwa ndi AI zabweretsa funso lomwe zizindikiro zonsezi sizinakonzekere. Muyezo wa C2PA, womwe bungwe lake linayamba mu 2021, umamata pa fayilo mbiri yosainidwa yonena chomwe chinaipanga, koma mbiriyo imatayika munthu akangojambula sikirini, ndipo wopanga chithunzi chabodza cha munthu weniweni sangasankhe pulogalamu yomwe imamuulula. Ngakhale chitalembedwa bwinobwino kuti n'cha makina, mwini nkhopeyo sanavomere, ndipo palibe chiphaso cha 2257 choti chifunsidwe poti palibe anaima pa kamera. Lamulo la TAKE IT DOWN Act, lomwe linasainidwa ku America pa 19 May 2025, silinadalire chizindikiro chilichonse: wojambulidwa akadandaula, tsamba liyenera kuchotsa chithunzicho pasanathe maola 48, kaya n'chenicheni kaya n'cha makina.